Pepala la Tachibana sitinaliwerenge, nanga tamulepheretsa bwanji?

Papita masabata angapo ndisanalembe kanthu. Teremu ino yandipanikiza. Ndili ndi makalasi atatu a History, mulu wa mapepala woti ndichonge, ndiye pamwamba pake anandisenzetsa kalabu ya zisudzo poti mnzathu amene ankayiyang'anira anasamutsidwa. Koma ndi kalabu yomweyi yomwe yandipatsa nkhani ya lero, ndipo ndikuchenjezeretu kuti nkhaniyi itifikitsa kutali, ku Japan wa zaka zoposa 100 zapitazo. Amene mwatopa kale tsikirani pompano minibasi isananyamuke.

Sukulu yomwe ndimaphunzitsa ndi ya anyamata okhaokha. Sewero lomwe tinakonza chaka chino ndi la mayi wamasiye amene achibale a mwamuna wake abwera kudzamulanda katundu maliro atangotha. Mayiyo ndiye mwini sewero lonse. Mtsikana tilibe, choncho gawolo linagwera mnyamata wina wa Fomu 3, wofatsa, wosakonda zolankhulalankhula. Tsiku loyamba kumanga chitenje ndi mpango, anzake onse anafa nalo phwete. Ine sindinadabwe. Kwathu kuno mwamuna akavala chitenje pa siteji tonse timadziwa kuti nthawi yoseka yakwana: aika sanza pachifuwa, agwedeza mbuyo, alankhula ndi mawu a m'mphuno. Koma ntchito ya mnyamatayu inali ina. Iye ankayenera kutiiwalitsa kuseka.

Analimbana nazo masabata asanu ndi limodzi. Atapita kwawo pa tchuthi chapakati pa teremu anakaonetsetsa momwe agogo ake amakhalira pa mphasa, momwe amagwadira polandira alendo, momwe amapukutira m'maso ndi nsonga ya chitenje. Pa tsiku la mpikisano, itafika nthawi yoti alamu aja anyamule makina osokera a mayiyo, holo yonse inangoti zii. Palibe anaseka. Titamaliza, mmodzi mwa oweruza anati mnyamatayo wayesetsa, koma ulendo wina tidzabwereke mtsikana pa sukulu yoyandikana nayo, chifukwa zoti mwamuna azisewera gawo la mayi ndi zachikale, zinatha. Mamalikisi a gawo limenelo anatidula.

Woweruzayo ananena zoona theka, ndipo theka linalo ndi lomwe lakhala likundisowetsa tulo. Linandikumbutsa munthu wina yemwe ndinakumana naye m'mabuku a mbiri ya mafilimu, omwe ndimawerenga usiku pamene anthu anzeru akugona. Dzina lake ndi Tachibana Teijiro.

Ndikudziwa kuti simunamumvepo. Musachite manyazi, ngakhale ku Japan komweko ndi ochepa amene angamutchule lero. Anabadwa mu 1893 ndipo anamwalira mu Novembala 1918, mwezi womwe nkhondo yoyamba ya dziko lonse inatha, ali ndi zaka pafupifupi 25 zokha. Pa zaka zochepa zimenezo anali mmodzi mwa anthu okondedwa kwambiri m'mafilimu a kampani ya Nikkatsu, ndipo magawo omwe ankasewera anali a akazi. Amuna a ntchito imeneyi a ku Japan amawatcha onnagata, kapena oyama.

Kuti timvetse chifukwa chake, tibwerere m'mbuyo pang'ono. Zisudzo za kabuki anaziyambitsa ndi mkazi, Okuni, cha m'ma 1603 mumzinda wa Kyoto. Koma mu 1629 boma la shogun linaletsa akazi kukwera pa siteji, ati zikuononga makhalidwe. Kuyambira pamenepo magawo a akazi anakhala a amuna, ndipo pa zaka zoposa 250 amunawo anaisandutsa ntchitoyi luso lophunzira kuyambira ubwana: kayendedwe kopanikiza mawondo, kugwetsa mapewa kuti thupi lioneke laling'ono, kubisa manja m'mikono ya kimono, kapendekedwe ka khosi. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1800 chiletso chija chinafewa, ndipo kunabwera mtundu wina wa zisudzo wotchedwa shinpa, wonena za moyo wamakono: maukwati okakamiza, apongozi ankhanza, akazi osiyidwa. Koma ngakhale shinpa inapitiriza kudalira onnagata. Chizolowezi sichimva lamulo msanga.

Mafilimu atafika, makampani anangotenga anthu a pa siteji n'kuwaika patsogolo pa kamera. Nikkatsu inakhazikitsidwa mu 1912 makampani anayi ataphatikizana. Ku Kyoto inkajambula mafilimu a malupanga ndi ankhondo akale, ndipo katswiri wake kumeneko anali Onoe Matsunosuke, amene amati anasewera m'mafilimu pafupifupi 1,000. Ku Tokyo, mu 1913, inatsegula situdiyo ya Mukojima m'mbali mwa mtsinje wa Sumida, yojambulira nkhani zamakono za shinpa. Kumeneku ndi komwe kunali kwa Tachibana. Kamera inkaima patali, malo amodzi, ngati munthu amene wakhala pampando wapakati mu holo. Filimu inalibe mawu. Mawu ankachokera kwa munthu woima pambali pa chinsalu, wotchedwa benshi, amene ankafotokoza nkhani ndi kulankhula m'malo mwa osewerawo, ndipo nthawi zina ankakhala gulu la anthu angapo, aliyense ndi gawo lake. Amene munakhalapo m'mavidiyo sho a m'misika mwathumu, n'kuonera filimu yachimwenye kapena ya karate yomwe mnyamata wina waiikira mawu a Chichewa, muli nacho kale chithunzi cha benshi. Kusiyana kwake n'koti benshi ankachita zimenezi pamaso pa anthu, tsiku ndi tsiku, ndipo ena mwa iwo ankatchuka kuposa osewera a mufilimumo.

Tsopano tifike pa chaka cha 1914, chomwe kwa ine ndi pamene pagona nkhani.

M'mwezi wa Malichi chaka chimenecho gulu la zisudzo la Geijutsuza, lotsogozedwa ndi Shimamura Hogetsu, linaonetsa ku Tokyo sewero lochokera m'buku la Leo Tolstoy la mu 1899 lomwe pa Chingerezi limatchedwa Resurrection. Nkhani yake ndi ya Katyusha Maslova, mtsikana wantchito amene Nekhlyudov, mwana wa banja lolemera, anamupatsa pathupi n'kumusiya. Mtsikanayo anachotsedwa ntchito, moyo unamukankhira ku uhule, kenako anamuimba mlandu wopha munthu ndi poizoni. Pa tsiku la mlandu, mmodzi mwa anthu okhala pa benchi yogamula anapezeka kuti ndi Nekhlyudov yemwe uja. Katyusha anamutumiza ku Siberia ndipo mwamunayo, chikumbumtima chitamudya, anamutsatira. Pa siteji, gawo la Katyusha anasewera ndi mkazi weniweni, Matsui Sumako, ndipo nyimbo yomwe ankaimba m'seweroli, yopekedwa ndi Nakayama Shinpei, inafalikira dziko lonse la Japan.

A Nikkatsu ataona ndalama zikuyenda sanachedwe. Chaka chomwecho anatulutsa filimu yotchedwa Kachusha, yotsogoleredwa ndi Hosoyama Kiyomatsu. Nekhlyudov anali Sekine Tappatsu. Katyusha anali Tachibana Teijiro, mnyamata wa zaka 21 atavala zovala za mtsikana wa ku Russia. Taganizirani bwino pamenepa. Anthu a ku Tokyo anali atamuona kale mkazi weniweni akusewera gawo lomweli, kapena anali atamva mbiri yake. Sikuti sankadziwa kuti mkazi angathe. Komabe anadzaza maholo kukaona Tachibana, mpaka kampaniyo inajambula mafilimu ena opitiriza nkhani ya Katyusha chaka chotsatira. Kampani siwonjezera gawo lachiwiri pa filimu yomwe anthu anatulukamo akunyoza.

Pa nthawi yomweyo kunali achinyamata ophunzira amene zonsezi zinkawanyansa. Ankaonera mafilimu a ku America ndi ku Ulaya, n'kumalemba m'magazini kuti mafilimu a kwawo si mafilimu ayi, koma zisudzo zongojambulidwa. Wodziwika kwambiri mwa iwo anali Kaeriyama Norimasa, ndipo mlembi wotchuka Tanizaki Junichiro anali kumbali yawo. Ankafuna kamera iziyandikira nkhope, zithunzi zizifotokoza zokha nkhani, benshi achepetse pakamwa, ndipo magawo a akazi azisewera ndi akazi. Mu 1919 filimu ya Kaeriyama yotchedwa Sei no kagayaki inatuluka muli mkazi, Hanayagi Harumi, amene mabuku ambiri amamutcha mkazi woyamba kutchulidwa dzina ngati wosewera m'filimu ya ku Japan. Mu 1920 kampani ya Shochiku inayamba kupanga mafilimu ndipo inalemba akazi ntchito kuyambira pachiyambi. Kurishima Sumiko anatchukira kumeneko. Pofika mu 1922 nayo Nikkatsu inali itatembenuka, ndipo gulu la osewera a ku Mukojima, kuphatikizapo onnagata, linachoka pa kampaniyo. Pasanathe zaka khumi chitulukireni Kachusha, ntchito ya Tachibana inali itatheratu m'mafilimu.

Ndinene mosabisa: achinyamata aja ankanena zoona, ndipo ndikadakhalako ndikadakhala mbali yawo. Chifukwa choyamba ndi cha kamera. Luso la onnagata linapangidwira munthu woonera ali patali. Kamera ikafika pafupi imaona kholingo, imaona kukula kwa zala, imaona pomwe lumo ladutsa m'mawa. Chifukwa chachiwiri ndi chachikulu kuposa chimenecho, ndipo sichikhudza kamera n'komwe. Gawo lililonse lomwe Tachibana ankasewera linali ntchito ndi malipiro zomwe mkazi wina sanazipeze. Mwambo wonsewo unayambira pa lamulo lothamangitsa akazi, ndipo kukongola kwa luso lomwe linamera pamenepo sikufafaniza chiyambi chakecho. Ine ndili ndi ana aakazi awiri. Sindingaime pano n'kumalira kuti akazi analowa m'mafilimu.

Chomwe ndikukana ndi china. Ndikukana momwe nkhaniyi imafotokozedwera ikafupikitsidwa, ngati mmene timachitira aphunzitsi a History pa bolodi: kale kunali mdima, amuna ankavala ngati akazi, zinali zoseketsa, kenako kunabwera anthu ozindikira, filimu yeniyeni inabadwa. M'nkhani yotereyi Tachibana amangokhala chitsa chomwe chinazulidwa kuti msewu udutse. Ndiye ndimadzifunsa: amene tikunena zimenezi, ntchito yake tinaiona?

Sitinaione. Pafupifupi mafilimu onse a ku Japan a zaka zimenezo anatayika. Ankajambulidwa pa filimu ya nitrate yomwe imayaka ngati petulo ndiponso imaola yokha ikakhalitsa. Makampani sankaona chifukwa chosungira filimu yomwe yamaliza kuzungulira m'maholo. Pa 1 Seputembala 1923 chivomezi chachikulu cha Kanto ndi moto wotsatira pake zinasakaza Tokyo ndi Yokohama, anthu oposa 100,000 anafa, ndipo mafilimu ambiri anapsera momwemo; Nikkatsu inasamutsira ntchito za ku Mukojima ku Kyoto. Zomwe zinapulumuka pamenepo zinakumananso ndi mabomba a mu 1945. Mwa mafilimu pafupifupi 1,000 a Matsunosuke uja, amene anali wotchuka kuposa wina aliyense, otsala mukhoza kuwawerenga ndi zala. Nanga a Tachibana? Zambiri zomwe zatsala ndi mayina a mafilimu, zithunzi zosayenda, ndi zolemba za anthu a nthawi imeneyo. Ndipo amene ankalemba kwambiri, amene zolemba zawo zinadzasanduka maziko a mabuku a mbiri, ndi aja ankafuna kuti onnagata achoke. Mayi wogwira ntchito m'fakitale amene analipira kandalama kake kukaonera Kachusha sankalemba m'magazini.

Ine ntchito yanga ndi kuchonga. Ndikapatsa mwana ziro pa pepala lomwe sindinaliwerenge, pongomva kwa mnzake amene amakangana naye kuti analemba zopanda pake, a hedi andiitana ku ofesi, ndipo akhala akulondola. Koma izi ndi zomwe timachita ndi Tachibana.

Wina anena kuti, aphunzitsi, kuchuluka kwa anthu si umboni wa luso, anthu amadzazanso maholo kukaonera zachabechabe. Zoona, ndipo sindikunena kuti Tachibana anali katswiri woposa onse. Ndikunena kuti umboni wochepa womwe tili nawo ukuloza mbali ina, osati ya chitsa. Onani za mu 1918. Chaka chimenecho Tanaka Eizo, mmodzi mwa anthu amene ankafuna kusintha kajambulidwe ka mafilimu ali mkati mwa Nikkatsu momwemo, anatulutsa Ikeru shikabane, yochokeranso m'sewero la Tolstoy lonena za mwamuna amene ananamizira kufa kuti mkazi wake amasuke. Filimu imeneyi imatchulidwa ngati imodzi mwa zoyamba kuyesa njira zatsopano pa kampaniyo. Ndipo Tachibana analimo. Ndiye kuti pamene zatsopano zinkayamba, iye sanali panja akutchinga khomo. Anali mkati, akugwira nawo ntchito. Miyezi ingapo pambuyo pake anamwalira.

M'filimu yomweyo munalinso onnagata wina wachinyamata, amene analowa Nikkatsu mu 1917, dzina lake Kinugasa Teinosuke. Uyu ndiye amandipweteka mtima ndikamuika pambali pa Tachibana. Kinugasa anali m'gulu lija linachoka mu 1922. Ntchito yosewera magawo a akazi itatha, anazungulira n'kukaima kumbuyo kwa kamera. Mu 1926 anapanga Kurutta ichipeiji, filimu yonena za bambo wogwira ntchito pa chipatala cha amisala pomwe mkazi wake akusungidwa, ndipo mpaka lero imaphunzitsidwa m'mayunivesite ngati imodzi mwa mafilimu olimba mtima kwambiri a nthawi ya mafilimu opanda mawu. Nayonso inkaganiziridwa kuti inatayika, mpaka mwini wake anaipeza m'nyumba yake yosungiramo katundu mu 1971. Mu 1954 filimu yake ya Jigokumon inapata mphoto yaikulu ku Cannes. Anamwalira mu 1982. Munthu yemweyo amene mu 1918 ankaimira "zachikale" ndi amene anadzapita patsogolo kuposa ambiri mwa omwe ankamunyoza. Nzeru za filimu sizinamugwere kuchokera kumwamba tsiku lomwe anavula kimono ya chikazi. Anazitola ali onnagata, ku Mukojima, m'situdiyo imodzi ndi Tachibana. Kusiyana kwa awiriwa, komwe tingakutsimikize, ndi kwakuti mmodzi anapatsidwa zaka zina 64 ndipo mnzake sanapatsidwe.

Pali chinanso chomwe chimandiseketsa pang'ono. Achinyamata aja ankadana ndi zinthu ziwiri, onnagata ndi benshi. Onnagata anatha msanga. Benshi sanasunthike, chifukwa iwo ndi amene ankakoka anthu ku maholo ndipo eni maholo ankawaopa. Anapitiriza mpaka m'zaka za m'ma 1930 pamene mafilimu olankhula anawalanda ntchito, ndipo ngakhale apo anayamba anyanyala kaye. Choncho chomwe timachitcha chitukuko cha luso sichinayende motsatira mfundo zokha. Chinayamba ndi kugwetsa amene analibe mphamvu zodzitetezera.

Ndipo onnagata sanafe, anangotuluka m'filimu. Mu kabuki alipo mpaka lero. Bando Tamasaburo boma la Japan linamulemekeza mu 2012 ngati chuma chamoyo cha dziko. M'filimu namo anabwereranso, koma ngati mutu wa nkhani. Mu 1935 Kinugasa yemwe uja anapanga Yukinojo henge, nkhani ya onnagata wobwezera imfa ya makolo ake, ndipo inagulitsa kwambiri. Mu 2025 filimu ya Kokuho, yotsatira moyo wa onnagata wa kabuki, inadzaza maholo ku Japan kwa miyezi yambiri. Anthu amalipira kukaona mwamuna akusewera gawo la mwamuna amene amasewera magawo a akazi. Koma amene ankachitadi ntchitoyo patsogolo pa kamera, pamene filimu ya ku Japan inali khanda, dzina lake limangodutsa m'chiganizo chimodzi.

Ndikuganiza kuti luso ngati la Tachibana limakhala pangano pakati pa wosewera ndi woonera. Woonera amadziwa kuti uyu ndi mwamuna, wosewera amadziwa kuti woonerayo akudziwa, ndipo onse awiri amagwirizana kuti kwa ola limodzi ameneyu ndi Katyusha. Pangano likatha, chifukwa cha kamera kapena chifukwa choti anthu asintha maganizo, munthu wobwera pambuyo amangoona mwamuna wovala diresi, n'kuyesa kuti akale aja anali opusa. Ife a kuno sitiyenera kuvutika kumvetsa zimenezi. Za kudambwe sindilowako, si za pano, koma amene munaimapo m'bwalo mukudziwa kuti pali nthawi yomwe anthu onse amagwirizana za chomwe akuona, ndipo mlendo yekha ndi amene amafunsa mafunso opanda pake.

M'holo muja pangano lotere linachitika kwa mphindi makumi atatu. Ndinaliona ndi maso anga, ndipo woweruza uja analiona. Akanatha kunena kuti chaka chamawa mupeze mtsikana, ine n'kuvomera, pakuti atsikana a pa sukulu inayo akufunadi mwayi wotere ndipo a hedi awiriwa agwirizana kale kuti teremu yamawa makalabu athu aziyeserera limodzi Lachitatu masana. Gawo la mayi wamasiye lidzapita kwa mtsikana, ndipo ndi bwino choncho. Chomwe sankayenera kuchita ndi kudula mamalikisi a ntchito yomwe inagwirika pamaso pake chifukwa choti mtundu wa ntchitoyo ukutha.

Lolemba lotsatira ndinamuitana mnyamata uja ku stafu rumu. Anabwera ali wakugwa nkhope, akuganiza kuti walakwa kanthu. Ndinamufotokozera za Tachibana, mwachidule kuposa mmene ndachitira pano, pakuti belu linali pafupi kulira. Anamvetsera mpaka kumapeto, kenako anati: "Aphunzitsi, ndiye filimuyo mungandionetse? Ndikufuna ndione momwe ankachitira ndi manja, ine manja ndi omwe amandivuta."

Ndinamuuza kuti filimuyo palibe.

"Ngakhale pa YouTube?"

Ngakhale pa YouTube. Anaima pang'ono, kenako anandifunsa ngati chitenje chija abweze kwa amayi ophika kukhitchini kapena achisunge mpaka teremu ithe. Ndinamuuza kuti achichape kaye.